Munda wa achimwene unatsala pa nambala

Linali Loweruka, cha m'ma 3 koloko masana, m'nyengo yozizira fodya akulowa ku Kanengo, pamene anthu anapha achimwene anga pakamsika ka kwathu ku Mgona. Ine ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri. Ndinali pomwepo, nditanyamula kabichi m'jumbo.

Ndisananene za tsikulo ndinene kaye za foni, chifukwa zonse zinadzera m'menemo. Inali yakuda, chivundikiro chake cha kumbuyo chinkagwiridwa ndi kamphira. Achimwene anaigula kwa munthu atagwira ganyu yonyamula mabelo a fodya, ndipo inkanunkha ngati iwo omwe: fodya, thukuta ndi sopo wochapira. M'fonimo munali gemu ya munda. Unkabzala chimanga ndi chala, kudikira, n'kukolola. Munali nkhuku, ng'ombe, nkhokwe ndi mitengo ya zipatso. Achimwene anausamala mundawo mpaka unakula osakwananso pagalasi. Kuti uone malire ake unkachita kukoka ndi chala.

Ife kwathu ndi ku Thyolo, koma tinachokako chifukwa kunalibe malo olima. Bambo atamwalira, amayi anabwera nafe m'tauni n'kuyamba kuchapira anthu zovala ku Area 25. Tinkakhala m'chipinda chimodzi cha lendi, pabwalo popanda ngakhale pofesa mpiru. Ndiye achimwene akamati "munda wathu", amayi ankawayang'ana cham'mbali.

"Chimanga chakocho tidzagayitsa liti?"

"Dikirani amayi, chigayo ndiye ndikumanga."

Koma ndinkawaona amayi akusuzumira paphewa pa achimwene. Tsiku lina mpaka analephera kupirira, ananena kuti nkhokwe yayandikira kwambiri khola, makoswe adzavuta. Achimwene anaseka mpaka kutsokomola, koma nkhokweyo anaisuntha.

Ntchito yanga inali nkhuku. Achimwene akabwera madzulo, mapewa atanyuka ndi mabelo, ankagona chagada pamkeka n'kundiponyera foni. "Tola mazira. Usagulitse kalikonse, ndikudula zala." Tsiku lina ndinaigwetsa pasimenti, galasi linang'aluka pakona. Ndinalira kwambiri, ndinkaganiza kuti ng'ombe zafa. Iwo anandigogoda pamutu ndi chala n'kunena kuti, "Chitsiru iwe, foni ndi chitseko chabe. Munda uli pa nambala yanga. Ukakhala ndi layini, ulowa pa foni iliyonse."

Mitengo ya m'mundamo inali ndi lamulo lake. Ikabereka kangapo inkauma, ndipo mwini wake sankatha kuidzutsa yekha. Pankafunika mnzako wa munda wina abwere adzaithirire, iwenso uzikathirira yake. Achimwene anali naye mnzawo wotero, amene ankanyamula naye mabelo. Ankangomutchula kuti Neba. "Neba wadutsa, taona malalanje adzuka." Nkhope yake ndinali ndisanaionepo. Ndinkangodziwa kachithunzi kake ka m'gemumo, kagalu kovala chipewa.

M'nyumba mwathu munalibe magetsi, choncho foni tinkakatchajitsa pa benchi ya bambo wina kumsika. Ukapereka foni, ankamata katepi koyera kumbuyo kwake n'kulembapo nambala, iwe n'kukupatsa kakatoni kolembedwa nambala yomweyo. Loweruka limenelo achimwene anapatsidwa 6. Pokatenga, bamboyo anagwira mozondotsa foni ina yakuda ngati yathu, ya 9, n'kuwapatsa. Achimwene anangoiponya m'thumba osayang'ana, chifukwa anali otanganidwa kundiseka kuti ndasankha kabichi wofota ngati nkhope ya eni nyumba athu.

Tinali titangodutsa pogulitsa makala pamene mawu anamveka kumbuyo. "Wakuba! Wakuba foni!" Achimwene anatembenuka kuti amuone wakubayo. Zimenezi ndimazikumbukira bwino: anatembenuka ngati wina aliyense, akusuzumira pamwamba pa mitu ya anthu. Mwini foni anafika akuthamanga, analowetsa dzanja m'thumba mwawo n'kuikweza foniyo m'mwamba kuti onse aone. Achimwene anati, "Aise, dikira, yanga imeneyo," n'kutulutsa kakatoni kawo. Palibe amene anakayang'ana. Khofi loyamba linachokera kumbuyo. Kenako thabwa la pa benchi ya tomato. Kenako anthu anatulukira paliponse, amuna, azimayi obereka ana, a kabaza atasiya njinga zawo zikugwa zokha.

Anagwa, anadzuka, anagwanso. Phokoso la njerwa ikagunda mutu wa munthu lili ngati la dzungu likagwa pasimenti. Ndinakuwa kuti ndi achimwene anga, si akuba, koma mawu anga anali aang'ono. Mayi wina wogulitsa usipa anandikoka n'kundiphimba kumaso ndi chitenje chake. Chitenjecho chinali chakutha, ndinkaona m'mabowo. Ndinaona nsapato yawo ili payokha. Ndinaona dzino pafumbi. Ndinaona mwamuna wina wamtali, wovala ovolo ya buluu yodula manja, akufika mochedwa, ali wefuwefu, osafunsa kanthu kwa aliyense. Nthawi imeneyo achimwene anali chafufumimba, nkhope ili m'dothi losakanikirana ndi magazi, malaya atang'ambika onse. Mwamunayo anatola chinjerwa cha simenti ndi manja awiri, anachikweza, anachitsitsa. Miyendo ya achimwene inaphupha kamodzi n'kusiya.

Ena anali atayamba kale kugubuduza tayala, wina akufunsa petulo. Galimoto ya apolisi itatulukira, onse anabalalika. Bambo wotchaja mafoni anatseka benchi yake tsiku lomwelo ndipo sanaonekenso, foni yathu inapita naye limodzi. Kakatoni kanapezeka m'dzanja la achimwene akuwasambitsa, ndipo nkhani ya 6 ndi 9 inamveka m'makwalala monse. Anthu ankagwira pakamwa. Ena mwa iwo anabwera pamaliro, anaimba nawo nyimbo, anadya nawo nyemba. Mpaka lero ndikamva mawu oti wakuba, ndimangokhala pansi pomwe ndili.

Maliro atatha, amalume, mlongo wawo wa amayi, anabwera kudzakhala nafe. Anali mmisiri wowotcherera zitsulo ku Biwi, munthu wosalankhulalankhula, wa manja odzaza zipsera. Tsiku lililonse ankazungulira mumsika akuyang'ana anthu m'maso, akabwerako ankandigwira pamkono mpaka kumva kuwawa. "Unalipo iwe. Ndiuze nkhope imodzi yokha." Ine ndinkati anandiphimba ndi chitenje. Kusukulu ndinasiya kupita, chifukwa njira yake inkadutsa pamsika. Aphunzitsi anabwera kudzandiitana, anakhala pakhonde ndi amayi nthawi yaitali, koma sindinabwererenso. Sukulu yanga inathera mu Sitandade 6.

Amayi ankalira mwana wawo, amalume ankafuna munthu woti amugwire, ine ndinkada nkhawa ndi nkhuku. Ndinkaziona zitaunjikana pakhomo la khola zikudikira chakudya. Ndinkaganiza za malalanje, chifukwa Lachisanu, kutatsala tsiku limodzi kuti aphedwe, achimwene anadandaula kuti auma onse. Sindikunena kuti sindinkawalira achimwene. Koma iwo anali m'dothi, palibe chimene ndikanawachitira, pamene nkhukuzo zinali zamoyo penapake ndipo anandisiyira ine. Tsiku lina ndinawauza amayi akupeta mpunga. Anaika lichero pansi n'kundimenya mbama mpaka khutu linalira. "Mchimwene wako ali m'manda, iwe ukundiuza za nkhuku zojambula?" Anandimenyanso. Kenako anandikokera pachifuwa pawo, tonse awiri tinalira mpunga utatayika pansi.

Lamulungu lina titabwera kutchalitchi, amayi anabwereka foni ya amalume n'kuimba nambala ya achimwene. Anati ankangofuna kumva mawu aja onena kuti nambalayi siikupezeka. Koma foni inaitana, ndipo mwamuna wina anayankha akutafuna chinthu. Anati foniyo anaigula m'tauni layini ili momwemo, ngati pali vuto akafunse amene anamugulitsa. Anadula. Amayi anaika foni pamwendo. Kenako ananena mawu amene sindiwaiwala: "Mwana anandilanda. Nambala yake ayi."

Layiniyo inalembetsedwa pa chitupa cha amayi, chifukwa pogula achimwene anali asanatenge chawo. M'mawa mwake tinakwera minibasi kupita m'tauni, ku ofesi ya kampani ya mafoni. Tinaima pamzere mpaka dzuwa linafika pamutu. Mtsikana wa pa kauntala anayang'ana chitupa, anayang'ana amayi, n'kufunsa ngati layiniyo ndi yawo.

"Dzina ndi langa," anatero amayi. "Mwini wake ndinamubereka ndine."

Mtsikanayo sanafunsenso zambiri. Anatseka layini yakale n'kutipatsa kakhadi katsopano ka nambala yomweyo. Amayi anakamanga pa ngodya ya chitenje, ndipo m'minibasi monse dzanja lawo linali pamfundo pomwepo.

Foni ya amalume inali ya malayini awiri. Ataikamo kakhadiko, ine ndinayamba kuwapempha kuti aikemo gemu ya munda. Anati zachibwana. Ndinayang'ana amayi, ndikuopa mbama ina, koma iwo anangoti, "Mpatseni mwanayo." Amalume anagula bandulo akung'ung'udza. Gemu italowa inafunsa nambala ya foni, ndinalemba ya achimwene. Posakhalitsa panabwera uthenga wa manambala achinsinsi. Amalume ankawerenga mokweza, ine ndikudina. Ndinalakwitsa, inakana. Ndinapukuta dzanja pa diresi n'kuyambiranso. Kagudumu kanazungulira pagalasi, kanazungulirabe, kenako kanyimbo kaja kanayamba, kanyimbo kamene tinkakamva madzulo alionse achimwene ali chagada pamkeka. Amayi anadzuka n'kutuluka panja. Patapita nthawi anabwera, maso atapukuta, n'kukhala pafupi nane.

Zonse zinalipo. Dzina la achimwene linali pamwamba. Chimanga chinali chitacha, ng'ombe zitagona ndi njala, nkhuku zitakhalira mazira. Palibe chinafa. Chigayo chija chinali chitatha kumangidwa, chikungodikira munthu woti achitsegule. Amayi anachiloza ndi chala. Koma chimene chinandidabwitsa ine ndi mitengo. Yonse inali yobiriwira, ndipo pafupi ndi mtengo uliwonse panali kagalu kovala chipewa. Gemu inaonetsa kuti wadutsa m'mawa womwewo.

Ndinasangalala. Ndinati, "Amayi, Neba wakhala akutisungira munda." Amayi anati Mulungu amudalitse, koma anadabwa kuti mnzake wotere sanaoneke bwanji pamaliro. Ine ndinachita monga mwa lamulo, ndinalowa m'munda mwake kuti ndikabweze. Munda wakewo unali ngati wa munthu wodwala: chimanga chosakolola, ziweto zanjala, mitengo yonse youma. Ndinaithirira yonse, umodziumodzi. Sindinkadziwa kuti pa foni yake pakutuluka dzina la achimwene ndi kachithunzi kawo, ngati adutsa okha.

Neba anabwera mawa lake masana. Amayi ankayanika zovala za anthu, amalume atakhala pakhonde akuwongola paipi yachitsulo, ine ndikutsuka mbale. Tinamva "odi" wofooka. Nditatukula mutu ndinaona ovolo ya buluu yodula manja. Mkodzo unanditsika m'miyendo, sindinathe kuuletsa. Munthuyo anali ataonda, maso ofiira, foni ataigwira patali ndi thupi ngati ikumuotcha.

"Amayi, pepani. Ndani akulowa m'munda wa mwana wanu?"

"Ndinu a Neba?" Amayi anamwetulira, koyamba chichitikire maliro. "Ndi kamtsikana aka. Tenga mpando iwe, alendo akhale."

Sanakhale. Anagwada pamatope a madzi ochapira. "Ndimayesa ndi iyeyo," anatero. "Ndimati wabwera kudzanditenga." Kenako mawu anangotuluka okha, osapuma. Anati tsikulo anabwera ku Mgona kudzamuona mnzake. Anati anangomva kuti wakuba, ndipo iye anali ataberedwa njinga mwezi womwewo, mtima unali kale pamoto. Anati nkhope sinkaoneka. Anati anadziwa kuti ndi mnzake ali patali, apolisi atautembenuza mtembo. "Njerwa yomaliza ndinaponya ndine, amayi. Sindigona. Ndimangothirira mitengo yake."

Amalume sanakuwe. Anadzuka pang'onopang'ono ndi paipi ija. Koyamba inagwera paphewa, ndinamva fupa likuthyoka ngati nkhuni youma. Kachiwiri inagwera kumaso. Munthuyo sanakweze manja, sanathawe, anangogwera chammbali, magazi akusakanikirana ndi thovu la sopo. Amalume anamenyanso m'nthiti, anamenyanso. Anthu a m'nyumba zoyandikana anatuluka. Wina anafunsa kuti walakwa chiyani, wina kumbuyo anayankha kuti wakuba. Palibe wa pakhomo pathu amene ananena mawu amenewo, anangobwera okha. Ndinaona nkhope zomwe zija za kumsika. Wina anamuponda m'mimba. Mayi wina anabwera ndi munsi. Ana ankatolera akuluakulu miyala. Ine ndinaima pafupi ndi mbale zanga, mtima wanga ukuti amalize.

Amayi ananyamula beseni la madzi akuda n'kuwakhuthulira anthu onse kumaso. Anthu akupukuta sopo m'maso, iwo anadzigwetsa pamwamba pa munthu uja n'kumuphimba ndi thupi lawo. Paipi ya amalume inali itatsika kale. Inagwera pa mkono wa amayi wamanja. Anakuwa kamodzi, koma sanachoke.

"Pakhomo panga ayi! Ndinachapa kale malaya a magazi. Enanso sindichapa. Amene akufuna kupha ayambe ine!"

Paipi inagwa pansi. Anthu anayamba kubwerera m'mbuyo, wina akuyang'ana uku, wina uko, miyala ikugwa m'manja mwakachetechete. A kabaza awiri anawatenga onse, amayi ndi munthu uja, kupita nawo kuchipatala. Ine ndinatsala ndikutola zovala za eni ake zimene zinagwera m'matope.

Munthu uja sanafe, koma diso limodzi linatha. Atatuluka m'chipatala anakadzipereka yekha kupolisi, ndipo anakakhala kundende zaka zingapo. Amalume nawonso anasungidwa kupolisi masiku angapo, atatuluka analongedza katundu wawo kubwerera ku Biwi. Pochoka anachotsa layini yawo n'kuponya foni pamkeka. "Tengani chifoni chanu cha mizimu." Anatha zaka osaponda pakhomo pathu, ankati mlongo wawo anasankha wopha mwana wake kusiya m'bale wake. Amayi anabwera ndi chikhakha pamkono, ndipo chitachotsedwa mkono sunawongokenso bwino. Sankathanso kufinya zovala. Kuyambira nyengo imeneyo, wochapira anthu ku Area 25 ndinali ine, iwo ankangoyanika ndi kupinda.

Madzulo ena mvula yoyamba itayandikira, ndinatsegula munda n'kuona kagalu kaja pa mndandanda wa aneba. Achimwene anandionetsapo mmene amachotsera munthu: umadina pa chithunzi chake osachotsa chala, kenako n'kuvomera. Ndinaika chala. Amayi anali pambali panga akudzola mafuta mkono wawo.

"Ukutani?"

"Ndikumuchotsa."

"Usamuchotse."

"Ndiye kuti mwamukhululukira?"

Anandiyang'ana ngati ndawatukwana. "Ayi. Sindinamukhululukire. Ndati usamuchotse."

Sindinamvetse. Ndinkaganiza kuti munthu umamukhululukira kapena umamuda, palibe pakati. Sindinkamvetsa kuti mayi angathyoketse mkono wake chifukwa cha munthu amene sakufuna ngakhale kumva dzina lake. Ndinakwiya nawo nthawi yaitali, makamaka m'mawa wozizira manja anga akamang'ambika ndi sopo. Ndinali mwana, sindinkaona kuti kumsika anthu anali atayamba kale kuiwala. Pamalo pamene anagwera achimwene wina anaikapo benchi ya mbatata. Amene anaponya miyala ankatipatsa moni m'njira. Kupatula ife, panali munthu mmodzi yekha m'dziko lonse amene ankadzuka m'mawa uliwonse akudziwa chimene chinachitika Loweruka lija, ndipo sankadzinamiza. Mwina n'zimene amayi ankasunga. Sanandifotokozerepo, ndipo chaka chatha anamwalira ndisanawafunse.

Munda wa Neba unakhala zii zaka zonse zimene anali kundende. Mitengo yathu inauma, inakhala youma, chifukwa sindinafune neba wina. Tsiku lina m'mawa, ndili kale ndi mwana kumbuyo, ndinatsegula n'kupeza malalanje adzuka, kagalu kaja kali pambali pake. Sanatumizepo uthenga, nanenso sindinamulemberepo. Sindikudziwa kumene amakhala.

Ndikadali ku Mgona, ndikadachapirabe anthu. Mafoni ndasintha angapo, layini ndi yomwe ija, ndipo ndimaonetsetsa kuti isakhale nthawi yaitali yopanda mayunitsi kuopa kuti angaitseke. M'mawa uliwonse ndisananyamuke ndimatola mazira, ndimadyetsa ng'ombe, ndimakolola chimanga n'kupita nacho kuchigayo. Mitengo yathu ikauma, Neba amadutsa. Yake ndimaiona ili youma. Sindiithirira, ndipo sindinamuchotse.